WOSEWERA SI DOTHI

Lachinayi lapitali, titatha kuonera timafilimu tinayi tija, mnzathu wina wa chaka chachinayi adaimirira nanena mawu amene andisowetsa tulo mpaka lero. Iye adati mu filimu ya luso lenileni wosewera ndi dothi chabe, woumba mbiya ndi mwini kamera. Anthu adaomba m'manja. Aphunzitsi awiri amene adakhala kutsogolo adagwedeza mitu, ndipo mmodzi mwa iwo adapita pabolodi nalemba maina anayi: Deren, Warhol, Beckett, Rouch. Ine ndidangoti chete, pakuti nthawi ya chakudya idali itakwana ndipo mlandu sazenga anthu ali ndi njala. Koma potuluka ndidacheukira bolodi lija. Mwa anthu onse amene tidawaona ndi maso athu pachinsalu, amene adakhetsa thukuta ndi misozi kuti ife tikhale ndi chokamba, padalibe ndi mmodzi yemwe wolembedwa. Tsono ndiyambe ndi kuwatchula: Talley Beatty, Ann Buchanan, Buster Keaton, ndiponso oimba ng'oma ndi ovina a m'mudzi wa Simiri ku Niger. Ndikuti anthu amenewa adapanga nawo mafilimuwo, ndipo amene akuwatcha dothi sadaone bwino zimene tidaonera limodzi.

Aliyense amene adaimapo patsogolo pa kamera amalidziwa lamulo loyamba: usayang'ane m'diso la kamera. Kanema wamkulu wogulitsa matikiti, kaya wa ku Hollywood, wa ku Mumbai kapena wa ku Lagos, waima pa lamulo limeneli. Kamera imalowa m'chipinda chogona cha anthu ngati mfiti, imaona zonse, koma onse amapangana kuti sakuiona. Wosewera akangoiponyera diso, mkulu wa filimu amakuwa kuti adule, ayambirenso. Timafilimu toswa mwambo, tija ta mphindi zowerengeka topangidwa ndi anthu a m'matumba mobooka, tidabadwa pokana pangano limenelo. Timafunsa poyera chimene kanema wamkulu amabisa: kodi pakati pa munthu waima apayu ndi chitsulo chikumuyang'anacho pali ubale wanji? Nchifukwa chake zikundiwawa kuti tidaonera timafilimu tofunsa funso lotere, kenaka nkupereka yankho lakale lomwe lija, lakuti mwini zonse ndi bwana.

Sindifuna kumnamizira mnzathuyo kuti adalankhula zopanda mutu. Mfundo yake ili ndi gogo wake, ndipo gogoyo ndi Lev Kuleshov wa ku Russia. Zaka zoposa 100 zapitazo Kuleshov adatenga nkhope ya wosewera Ivan Mozzhukhin, yongoyang'ana osaonetsa kanthu, nailumikiza ndi mbale ya supu, kenaka ndi bokosi la maliro, kenaka ndi kamwana kosewera. Akuti oonera adatama Mozzhukhin kuti adaonetsa njala, chisoni ndi chikondi mwaluso, chonsecho nkhope idali imodzimodzi. Filimuyo idatayika, tidatsala ndi nkhani yake yokha, koma phunziro lake ndi loona: lumo la wolumikiza zithunzi likhoza kuika m'nkhope ya munthu maganizo amene mwini wake sadawaganize. Ndikuvomera. Komatu tafunsani chifukwa chake Kuleshov sadatole nkhope ya munthu wongodutsa pamsewu. Mozzhukhin adali wosewera wotchuka koposa mu kanema wa ku Russia wa masiku amenewo. Kukhazika nkhope bata popanda kuipha, kuti ikhale ngati madzi odikha amene aliyense angaonemo zake, ndi luso limene ambiri a ife tilibe. Yesani pagalasi usiku uno, muona nkhope yanu ikukhala ngati ya munthu wogwidwa ndi mbuzi yakuba.

Fanizo la dothi ndi woumba ndiye likutisokeretsa, ndipo ndili ndi lina loti tiikepo. Amene mudakulira kumene kumavinidwa gule wamkulu mukuidziwa ntchito ya mbalule. Ng'oma zinazo zimagwira mayendedwe a nyimbo osasintha, koma woimba mbalule maso ake amakhala pa mapazi a wovina. Wovina akaponda, mbalule imayankha. Mbalule ikaitana, wovina amatembenuka. Wa ng'omayo akaphonya, gule amaima chilili pakati pa bwalo, ndipo manyazi amagwera woimbayo. Palibe munthu wa nzeru zake amene angafunse kuti pa awiriwa dothi ndani. Kamera ya m'timafilimu tabwino toswa mwambo ndi mbalule. Tiyeni tibwerere ku zimene tidaona, chimodzichimodzi, muone ngati ndikunama.

Filimu yoyamba idali A Study in Choreography for Camera, ya mu 1945, yopanda mawu, yosapitirira mphindi 4. Maya Deren, mayi wobadwira ku Kiev nakulira ku America, adaijambula ndi kamera yaing'ono ya m'manja, ya filimu ya mamilimita 16. Poyamba kamera ikuzungulira pang'onopang'ono m'nkhalango, ndipo ikumpeza Beatty kanayi, ulendo uliwonse ali pafupi kuposa poyamba, ngakhale kamerayo sikuoneka kuti yaima kapena kubwerera. Kenaka Beatty akukweza mwendo pakati pa mitengo, akuutsitsa, ndipo phazi likutera m'chipinda cha nyumba. Posakhalitsa ali m'holo yaikulu ya Metropolitan Museum of Art ku New York. Pambuyo pake tikuona mutu wake ukuzungulira patsogolo pa chosema cha nkhope zambiri, kuyamba pang'onopang'ono mpaka kufika pa liwiro limene thupi la munthu silingathe. Potsiriza akudumpha, nakhala m'malere nthawi yaitali ngati dziko laiwala kumkoka, nkukatera panja.

Mnzathu adati: mwaona, zonsezi ndi kamera ndi lumo. Zoona, mwendo sungachoke m'nkhalango nkukatera m'chipinda popanda lumo. Liwiro lijanso lidachokera m'makina: kamera ya Bolex imatha kujambula kuyambira tizithunzi 8 mpaka 64 pa sekondi, ndipo wojambula akamachepetsa tizithunzito munthu ali mkati mozungulira, pachinsalu munthuyo amaoneka ngati akuthamangirathamangira. Koma lumo limadula chabe, silingalunzanitse zinthu zosalingana. Kuti phazi la m'chipinda likhale lomwe lija la m'nkhalango, Beatty adayenera kusunga m'thupi mwake liwiro la mwendowo, kupendeka kwake ndi kulemera kwake, nkuzinyamula kupita nazo kumalo ena pa nthawi ina. Kuti chinyengo cha liwiro chigwire, adayenera kuzungulira mofanana osasintha, osachita chizungulire, pamene Deren adali kusintha makina. Akadaphonya mmodzi mwa awiriwa, bwenzi lero tikuona munthu wongodumphadumpha m'malo osiyanasiyana.

Deren mwini wake adazidziwa zimenezi. Asadayambe kupanga mafilimu adagwirapo ntchito ngati mlembi wa Katherine Dunham, mayi wakuda amene adali ndi gulu lotchuka la ovina, ndipo Beatty adali mmodzi mwa ovina a gulu limenelo. Deren adaphunzira kuyang'ana thupi lovina ali pakati pa ovina, ndipo filimuyi adaitcha ya awiri, iye ndi Beatty. Mu 1945, m'dziko limene munthu wakuda ankakanizidwa kulowa m'mahotela ndi m'malo ambiri oonetsera zisudzo, mayiyu adaika dzina la wovina wakuda pambali pa lake. Ife, ana a Afrika a m'zaka za lero, tidalifafaniza pabolodi. Ndiponso Deren yemweyo, atapita ku Haiti kuyambira mu 1947 kukajambula magule a Vodou, adabwerako ndi filimu ya maola angapo imene sadailumikize mpaka adamwalira mu 1961, pakuti adapeza kuti kuvinako sikukadatheka kukudula kukuchotsa m'chipembedzo chake. Munthu woona ovina ngati dothi sakadazengereza chotero. Akadangodula.

Tsopano tifike pamene mnzathu akuganiza kuti wandigwira pakhosi, pa Andy Warhol. Pakati pa 1964 ndi 1966, m'nyumba yake yogwirira ntchito ku New York yotchedwa The Factory, Warhol adajambula timafilimu 472 totchedwa Screen Tests. Mlendo ankakhazikidwa pampando, kamera ili chiimire pa miyendo yake itatu, nkuuzidwa kuti asagwedezeke, nthawi zina kuti asaphethire nkomwe. Mpukutu wa filimu udali wa mafiti 100, wotha m'mphindi zosakwana 3, koma poonetsa ankauyendetsa pang'onopang'ono, tizithunzi 16 pa sekondi m'malo mwa 24, kotero kuti nkhope imakhala pachinsalu mphindi 4. Kawirikawiri Warhol ankayatsa makina nkuchokapo. Kodi pali dothi loposa apa? Munthu wopanda mawu, wopanda nkhani, woletsedwa ngakhale kuphethira.

Komatu apa mpamene mfundo ya dothi ikugwera chagada. Kamera ndi imodzimodzi, utali wa mpukutu ndi umodzimodzi, mpando uli pamalo pake. Chimene ankasinthako ndi nyali ndi chinsalu cha kumbuyo. Ngati woumba ndi mwini kamera, bwanji timafilimu 472 timeneti sitifanana? Bwanji tina timaiwalika tisadathe, pamene ka Ann Buchanan ka mu 1964 kadatikhalitsa chete tonse, ndi aja okonda kunong'ona kumbuyo omwe? Mtsikanayo adauzidwa kuti asaphethire, ndipo adalimvera lamulolo kupitirira pamene wolamulayo akadayembekeza. Adayang'ana m'diso la kamera osasuntha chikope. Maso adayamba kunyezimira, msozi udadzaza, udagwa, unzake nkutsatira, nkhope ili chikhalire. Palibe lumo lidakhudza pamenepo. Zonse zimene zikuchitika mu filimuyo zikuchitika m'thupi la Buchanan, pa kufuna kwake, pa kulimbana kwake ndi chikope chimene chikufuna kutseka. Akulu adati kuona maso a nkhono nkudekha. Warhol ndimpatsa ulemu wa kudekhako, ndi nzeru yotchera msampha wotere. Koma maso ndi a nkhono.

Ndipo pano pali mlandu wina umene okonda luso safuna kuumva. Pampando umenewo padakhalanso anthu a maina kale, monga Salvador Dalí, Marcel Duchamp, Susan Sontag ndi Bob Dylan. Dylan atajambulidwa adachoka atanyamula chithunzi chachikulu cha Elvis Presley chopangidwa ndi Warhol. Wa dzina amadziwa kudzilipiritsa. Nanga Buchanan? Misozi ndi yake, koma kulikonse kumene filimuyo imaonetsedwa imatchedwa ya Warhol, ndipo ifenso Lachinayi tidachita chimodzimodzi.

Anyani amasekana zikundu, tsono ndiulule zanga ndisadaloze ena. Chaka chatha, nditangomva za Warhol, ndidapempha mlongo wina wa m'kalasi mwathu kuti akhale pampando patsogolo pa foni yanga mphindi 4. Ndidamuuza kuti asaphethire. Pofuna kuti zinthu zichitike msanga, ndidamfunsa za mayi ake, ndikudziwa bwino lomwe kuti adatisiya miyezi ingapo m'mbuyomo. Misozi idabwera. Ndidachotsa mawu a funso langa nkusiya nkhope yokha, ndipo ndidaonetsa anthu iye asadaone. Anthu adayamikira ine. Iye adakhala kumbuyo, namva maliro a mayi ake akukambidwa ngati nkhani ya kuwala ndi mthunzi, ndipo adatuluka zokambirana zisadathe. Mpaka lero timapatsana moni wa pamsewu. Buchanan adadziwa lamulo la masewerawo ndipo adasankha yekha kufika nalo kumapeto. Mlongo wangayu ndidamutchera diwa. Pa nthawiyo sindidadzione ngati wakuba, chifukwa m'mutu mwanga mudali chiphunzitso chomwechi chimene tidachiombera m'manja: iye ndi dothi, ine ndine woumba, ndipo dothi sulipempha chilolezo. Amene mukuti mkanganowu ndi wa mawu chabe, dziwani kuti mawuwo ali ndi mano.

Filimu yachitatu ikunena za mano omwewo. Film, yolembedwa ndi Samuel Beckett, idajambulidwa ku New York mu 1964 motsogozedwa ndi Alan Schneider, amenenso tidamuiwala pabolodi. M'menemo kamera ndi mlenje. Ikutsata nkhalamba yovala chijasi imene ikuthawa motsamira khoma, ndipo ikuyenera kukhala kumbuyo kwake; ikangopitirira madigiri 45 kumbali, munthuyo amamva kuti akuonedwa, nanyata, nabisa nkhope. Anthu ena amene akumana ndi diso limeneli maso ndi maso amagwidwa ndi mantha, ndipo gogo wogulitsa maluwa pa masitepe akugwa pansi. Nkhalambayo itafika m'chipinda ikutseka zenera, ikuphimba galasi, ikutulutsa galu ndi mphaka, ikuphimba mbalame ndi nsomba, kuthawa chilichonse chokhala ndi maso. Itasinza pampando, kamera ikuzembera kutsogolo, ndipo tikuona kuti mlenje uja ali ndi nkhope ya nyama yake yomwe. Beckett akuvomera chimene mnzathu akukana, kuti kuyang'anidwa kumapweteka ndipo woyang'anidwayo amamva.

Nanga Keaton? Adali ndi zaka 68, mwini nkhope yodziwika dziko lonse chiyambire masiku a kanema wopanda mawu, ndipo adamlemba ntchito kuti aonetse msana pafupifupi filimu yonse. Iye sadabise kuti tanthauzo la filimuyo silidamlowe. Komabe amene adaonapo Keaton amamzindikira m'masekondi oyamba, pa kayendedwe, pa mapewa, pa chipewa chake chophwatalala chija. Pamene tidaseka Lachinayi, pa galu ndi mphaka aja, wina akatulutsidwa mnzake nkulowa, tidaseka chifukwa cha munthu amene adaphunzira kuwerenga nthawi ya nthabwala pa nsanja ali kamwana. Beckett adalemba za diso ndi chinthu choonedwa. Keaton adachipatsa chinthucho msana wolankhula.

Ndikudziwa kuti ena mwayamba kale kung'ung'udza kuti zonsezi ndi nkhani za ku New York, ife zitikhudza pati. Zitikhudza chifukwa ife anthu akuda takhala patsogolo pa kamera nthawi yaitali kuposa kumbuyo kwake. Kuyambira mu 1948 bungwe la Central African Film Unit, lokhala ku Salisbury, linkajambula mafilimu ophunzitsa anthu a ku Nyasaland ndi ku ma Rhodesia awiri aja, ndipo agogo athu ankasewera mlimi wanzeru ndi mlimi wopusa monga adawalembera atsamunda. Chiphunzitso cha dothi si chachilendo kuno. Tidachilawa ife tili dothilo. Nchifukwa chake filimu yachinayi, ya Jean Rouch wa ku France, ndiyo iyenera kutigwira mtima koposa.

Rouch si woyera. Les maîtres fous, imene idatuluka mu 1955, idaonetsa anthu a chipembedzo cha Hauka pafupi ndi Accra atagwidwa ndi mizimu ya akuluakulu a chitsamunda, thovu lili kukamwa, akudya galu. Ophunzira a ku Afrika amene adaiona ku Paris adakwiya, ndipo mu 1965 Ousmane Sembène wa ku Senegal adamuuza Rouch pamaso kuti iye ndi anzake amayang'ana anthu a mu Afrika ngati tizilombo. Koma kafilimu kamene tidaona ife, Tourou et Bitti ka mu 1971, kakuonetsa Rouch ataphunzira kanthu. Anthu a ku Simiri adali pa mwambo wopempha mizimu kuti iteteze mbewu zawo ku dzombe. Ng'oma zidalira masiku atatu, mzimu osabwera. Tsiku lachinayi dzuwa litapendeka, Rouch adaganiza zongojambula ng'oma zakale ziwirizo, tourou ndi bitti, zisadazimirike. Adayatsa kamera ali kunja kwa bwalo nalowa nayo akuyenda, osadula, kwa mphindi pafupifupi 10. Pakati pake oimba adaleka, atataya mtima. Koma poona kuti mlendoyo akujambulabe, adayambiranso, ndipo pamenepo wovina adagwidwa ndi mzimu wa Kure, fisi. Rouch mwini wake adadzanena pambuyo pake kuti mwina kujambulako ndiko kudafulumizitsa mzimuwo.

Ena mudzati mizimu kulibe, ena mudzati iliko. Zimenezo mukakangane ku dipatimenti ina. Chimene chili pa filimu ndi ichi: oimba ng'oma adaiyang'ana kamera, adaiwerenga, nasintha zochita zawo, kameranso idatsata iwo, kupita kumene phazi ndi ng'oma zidaiitanira. Rouch sadalembe kanthu, sadalamule munthu, ndipo sakadadziwa chimene chidzachitike sekondi yotsatira. Adali mmodzi mwa oimba pabwalo, ndi ng'oma yake ya galasi. Ngati kamera ikhoza kusintha mwambo umene ikujambula, ndiye kuti si diso losalakwa longoona zinthu monga zilili, ndipo woigwira ali ndi mlandu pa zimene yadzutsa. Ngati ojambulidwa akhoza kuikoka ndi kuitembenuza, ndiye kuti filimuyo ndi yawonso.

Umboni wotsiriza pa Rouch ndi Oumarou Ganda wa ku Niger. Ganda adamenya nkhondo ya Afalansa ku Indochina, kenaka nkumanyamula katundu padoko la Abidjan, kumene Rouch adampeza namuika mu Moi, un noir ya mu 1958. Mawu ambiri a mu filimu imeneyo adatuluka m'kamwa mwa Ganda mwini, akuyankhula poonera zithunzi zake. Patapita zaka adagwira kamera yekha napanga Cabascabo, kusimba za msilikali wobwera ku Indochina monga adazionera iye, ndipo mu 1972 filimu yake Le Wazzou polygame idalandira mphotho yaikulu ya FESPACO ku Ouagadougou. Ndidaona mbiya zambiri m'moyo mwanga, koma sindidaonepo dothi likudzuka kukaumba yake.

Yankho limene ndikuliyembekeza ndi lakuti ndikufuna kupha luso ndi ulemu, kuti filimu siipangidwa ndi komiti, ndipo kamera yoopa kukhumudwitsa munthu idzangojambula maukwati. Ayi, anzanga. Woimba mbalule sapempha voti asadamenye ng'oma, ndipo nthawi zina amamthamangitsa wovina mpaka fumbi koboo. Deren ndiye adasankha nkhalango, holo ndi podula. Kamera ikhale yolusa ngati ikufuna. Chimene ndikukana ndi ukali wa munthu wobisala kuseri kwa chitsulo, amene amaika mnzake pamoto iye ali pamthunzi. Taonani Steve McQueen, osati wosewera wa ku America uja koma wojambula wakuda wobadwira ku London, amene pambuyo pake adapanga 12 Years a Slave. Mu 1997 adapanga kafilimu kotchedwa Deadpan, kobwereza chodabwitsa chimene Keaton adachita mu Steamboat Bill, Jr. mu 1928: khoma lonse la kumaso kwa nyumba likugwera munthu, iye nkupulumukira pa zenera lotsekula. McQueen adalijambula khomalo likugwa mobwerezabwereza, kuchokera mbali zosiyanasiyana, ndipo woima pansi pake, osasuntha, nkhope ili gwa, adali iye mwini. Wofuna kugwetsera munthu nyumba chifukwa cha luso ayambe waimapo yekha.

Lero pafupifupi aliyense wa ife ali ndi kamera m'thumba, yosafuna mpukutu wa mafiti 100 kapena ndalama zotsukitsira filimu. Timafilimu toswa mwambo tikupangidwa m'zipinda zathu zogona ndi kuseri kwa laibulale, ndipo nzabwino. Koma foni yomweyo ndi imene timaitukula pamaliro, pangozi ya pamsewu ndi pamene munthu wadwala misala pamsika, ndipo chizolowezi cha dzanja chimodzi. Tikaphunzitsana m'kalasi kuti munthu wa patsogolo pa kamera ndi dothi, tisadabwe ndi zimene manja athu adzachite kunja.

Tsono ndikupempha zinthu zochepa, ndipo ndikupempha ophunzira ndi aphunzitsi omwe. Polemba pabolodi kapena m'magazini ino za filimu yotere, dzina la wosewera liime pambali pa la wojambula, monga adachitira Deren. Pokambirana, tisathere nthawi yonse pa nyali ndi lumo; tifunsenso chimene munthuyo adachita ndi thupi lake, chimene adasankha, ndi pamene adaikana kamera. Wojambula amuuze mnzake chimene akusaka makina asadayake, ndipo wojambulidwa aone filimuyo anthu asadaione, ali ndi mphamvu yonena kuti apa chotsani. Mukati zimenezi zidzatitayitsa timafilimu tina tokoma, ndikuvomera. Kanga kaja kadali kokoma, onse adatero, ndipo ndidakafafaniza mochedwa.

Kwa inu achimwene a chaka chachinayi, sindikusungirani mangawa. Mudanena mokweza zimene ambiri timachita mwakachetechete. Koma pagule fumbi ndiwe mwini. Lachinayi likudzali ndidzabwera ndi mpando ndi foni. Mudzakhale patsogolo pa tonse, muyang'ane m'diso la kamera mphindi 4 osaphethira, ine ndidzayatsa nkutuluka panja monga ankachitira Warhol. Mphindizo zikadzatha, mudzatiuze amene wagwira ntchito m'chipindamo, ndipo dzina lake tidzalilemba pabolodi.